Mimba yatsika, msana ukuwawa: ndinyamuke kapena ndidikire?

Lachiwiri

Wachisamba, 19:42
Madzulo abwino amayi nonse, pepani ndabwera ndi funso usiku uno koma mtima sukukhala m'malo. Mimba yanga ndi yoyamba, lero ndakwanitsa masabata 38, tsiku limene anandilembera m'kabuku ka kusikelo ndi 17 Febuluwale. Ndiye kuyambira Lamulungu mimba yatsika, apongozi atandiona ndikuchokera kumjigo anangoti "iii walowa uyu," ndipo zoonadi kupuma ndikupuma bwino, nsima ndikumaliza mitanda iwiri pomwe kale umodzi womwe pamtima pamatentha. Koma kukodza abale, usiku wathawu ndadzuka ka 6. Tsopano lero kuyambira masana msana ukuwawa cha m'munsimu ndipo mimba ikumauma gwa ngati mwala kenako nkusiya. Kodi matenda ayamba? Apongozi akuti ndisathamangire kuchipatala ndikangochitako manyazi, akuti matenda enieni munthu sugwira foni.

Make Mapasa, 19:46
Kkkkk pa nkhani ya foniyo apongozi anu sakunama, ine tsiku langa ndinaiponyera kuseri kwa bedi sindinkafuna kumva ngakhale kulira kwake. Koma zomauma mimbazo ine zinandiyamba ndili ndi miyezi 7, ndikachapa kwambiri kapena kuyenda padzuwa basi gwa, ndikamwa madzi nkugona chammbali zimatha zokha

NaPhiri wa ku 25, 19:49
Kutsika kwa mimba kusakunamizeni sisi. Yanga yoyamba itatsika ndinalongedza chikwama nkumauza aliyense kuti sabata ino siitha, ndinakhalanso masabata atatu anthu akungondifunsa "kodi simunachirebe?" mpaka ndinasiya kupita kutchalitchi chifukwa cha mafunso

Anesi Opuma, 19:58
Mwana wanga, tisanakudzazeni ndi nkhani zathu mundiyankhe izi kaye. Mwana akusewera ngati masiku onse? Kumusi kwatuluka madzi kapena magazi? Mutu ukuwawa, m'maso mukuchita chidima, nkhope ndi zala zatupa? BP yomaliza kusikelo analemba bwanji? Ndipo chipatala chili patali bwanji ndi pamene mulipo, mukapita pa chiyani?

Wachisamba, 20:03
Akusewera amayi, pompano wandimenya kunthiti. Madzi ayi, magazi ayi, mutu uli bwinobwino. Mapazi okha ndi amene amatupa madzulo koma m'mawa amakhala ataphwa. BP analemba 118/76 Lachinayi lapitali. Ndili kumudzi kwa amuna anga kuno ku Ntcheu, chipatala chaching'ono chili makilomita ngati 14, timapita pa kabaza wa njinga yamoto koma pakati pali mtsinje wopanda mlatho, mvula ikagwa kumapiri umadzaza ngakhale kuno isanadonthe

Anesi Opuma, 20:15
Chabwino. Ndiyankhula zambiri, mundikhululukire, ndi ukalamba. Kutsika kwa mimba ndi mutu wa mwana kulowa m'chiuno, nchifukwa chake m'chifuwa mwapepuka koma chikhodzodzo chapanikizika. Pa mimba yoyamba zimatha kuchitika milungu iwiri kapena kuposa matenda asanayambe, pa mimba zotsatira mwana amatha kulowa tsiku lomwelo. Ndiye chimenecho chokha sichikuuza tsiku.

Kuuma kwa mimba kuli pawiri. Kwina ndi chiberekero kungoyeserera, kumabwera mosalongosoka, pano pakapita mphindi 8 kenako 25, sikukula, ndipo mukasintha zomwe mumachita, kusamba madzi ofunda, kugona chakumanzere, kumazirala. Matenda enieni sasamala kuti mwagona kapena mwaima. Amabwera motsatana bwino, mpata umanka nuchepa, ululu umanka nukula, ndipo ambiri umayambira kumsana nkuzungulira kutsogolo ngati lamba. Tengani foniyo muzilemba nthawi imene kuuma kwayamba ndi imene kwasiya, kwa ola lathunthu, mutiuze.

Za tsiku la 17 lija musaligwiritsitse. Timangowerenga kuchokera tsiku loyamba la kusamba komaliza, kuwonjezera masiku 7 ndi miyezi 9, ana obadwa pa tsiku lenileni lolembedwalo ndi ochepa kwambiri. Kuyambira masabata 37 mwana wakhwima, akhoza kubwera usiku uliwonse. Koma ine chimene chandikhudza si msana wanu ayi, ndi mtsinjewo.

Wa ku Leeds, 20:21
Kuno azamba akuchipatala amatiuza kuti usabwere mpaka ululu uzibwera mphindi 5 zilizonse, uliwonse ukutenga mphindi imodzi, kwa ola lonse. Ukapita msanga amakuyeza nkukubweza kunyumba kuti ukasambe ukagone. Ine anandibweza kawiri ndinalira m'galimoto kkkk. Ndiye mwina dikirani kaye sisi muwerenge

Mayi wa Anayi, 20:30
Asisi a ku Leeds malamulo amenewo ndi a anthu amene chipatala chili mphindi 10 pa tala ndipo galimoto ili pakhomo. Ine mwana wanga wachitatu ndinachirira panjira, sindikunena nthano. Ndinadzidalira kuti ndine katswiri ndabereka kawiri, matenda anayamba cha m'ma 1 usiku ndikuti aaa kuche kaye, ndinakolezera moto nkuphika phala la ana, pofika 4 koloko zinthu zinasintha kamodzinkamodzi, wakabaza foni yake inali yozima, tinachita kukagogoda kwa munthu wa ngolo. Tili pakati pa minda ya chimanga nsupa phuu, ndinangouza achemwali anga kuti imitsani ngoloyi ndikumva chimbudzi, sichinali chimbudzi. Anayala chitenje pamatope, tochi ya pafoni atailuma pakamwa. Mwana analira bwinobwino koma nsengwa inakana kutuluka ndipo magazi ndinataya osati masewera, pofika kuchipatala ndinali ndikuona anthu awiriawiri. Anandiika magazi. Lero mnyamatayo ali sitandade 3 koma ndikamadutsa pamalo paja miyendo imanjenjemerabe

Make Mapasa, 20:33
Ambuye wanga. Tochi pakamwa eti

Anesi Opuma, 20:38
Ndi zimene ndimanenazo. Zowerenga mphindi 5 si zabodza, koma munthu aliyense awerengerenso msewu wake. Wa ku Ndirande kupita ku Gogo Chatinkha, wa ku Kawale kupita ku Bwaila, akhoza kudikira kunyumba ululu ukhazikike. Wa tsidya la mtsinje mwezi wa Febuluwale sadikira ululu, amapita kukadikirira kuchidikiro. Ndipo ichi chimene Mayi wa Anayi anenachi, kumva ngati chimbudzi chachikulu chikufuna kutuluka pomwe mimba ikuwawa, ndi mutu wa mwana umenewo. Osalowa nacho m'chimbudzi chokumba, chonde.

Nachisale, 20:44
Inetu ndisaname, ana inu mwachuluka mantha. Ife tonse asanu ndi atatu kwa amayi athu tinabadwira m'nyumba ya udzu ndi azamba, palibe anafa. Mimba yachisamba imatenga nthawi, apongozi akewo abereka angati? Akudziwa chimene akunena. Kuchidikiro komwe mukukutamako munthu umagona pansi pa simenti, udzudzu, nkhuni zogula, ufa ukatha uziyang'ana anzako akudya. Komanso mimba sitilengeza pagulu kuti yayamba kuwawa, anthu si onse amakufunira zabwino, ena amamanga

NaPhiri wa ku 25, 20:47
Amayi Nachisale za simenti ndi nkhunizo mukunena zoona, mchemwali wanga anakhalako masabata awiri anabwerako ataonda gadiyani yemwe kkkk. Koma anabwerako ndi mwana pamsana

Anesi Opuma, 20:55
Amayi anzanga, azamba sindiwanyoza, ine ndemwe anandilandira ndi azamba ndipo ena anali ndi manja abwino kuposa ife a mayunifomu. Vuto silinali manja, linali loti magazi akayamba kutayika mzamba alibe jakisoni woumitsa chiberekero, alibe dilipi, alibe magazi oti amuike munthu, ndipo mayi wotaya magazi atachira akhoza kupita m'maola awiri okha. Nchifukwa chake mu 2007 boma linawaletsa kubereketsa. Mu 2010 a Bingu ananena kuti asaletsedwe koma aphunzitsidwe, komabe uthenga wa azaumoyo unakhala womwewo woti mayi azichirira kuchipatala. Konko ku Ntcheu kumene kuli mwanayu ndi kwa Inkosi Kwataine amene anatchuka dziko lonse ndi malamulo a m'midzi oletsa kuberekera pakhomo, ndipo nthawi ya mayi Joyce Banda kuyambira 2012 nkhani ya uchembere wabwino ndi nyumba zodikirira inakula zedi. Amayi anu anachira kasanu ndi katatu bwinobwino, tithokoze Mulungu, koma amene sanachire bwino sali pa gulu pano kuti atiuze mbali yawo.

Za kubisa, bisirani mudzi wonse ngati mukufuna. Koma wakabaza, gadiyani ndi anesi adziwe.

Wachisamba, 21:02
Ndikulemba amayi. 20:18, 20:31, 20:46, 20:55. Kulikonse kukutenga ngati theka la mphindi. Koma pali china ndimaopa kunena, apongozi aviika mankhwala m'botolo la Sobo, akuti mwanamphepo, akuti ululu ukakhazikika andithirira m'phala kuti njira itseguke msanga ndisavutike nthawi yaitali poti ndine woyamba. Kuwakanira ndikuchita mantha, ndi anthu abwino kwa ine amandichapira ndi zovala zomwe

Make Mapasa, 21:03
Ayi ayi ayi sisi OSAMWA

Wa Siza Ziwiri, 21:11
Ndimangowerenga osayankha koma apa ndilankhule. Mlamu wanga, mkazi wa achimwene, anamumwetsa zimenezo pa mimba yachinayi ali kuchidikiro komweko, gadiyani anabisa botolo m'thumba la ufa. Ululu unabwera wopanda mpata, uku ukutha uku wina wayamba, amangogubuduzika pansi, kenako mwadzidzidzi anangoti zii nkunena kuti ululu wasiya, gadiyani nkumasangalala kuti mankhwala agwira. Kunali kuphulika kwa chiberekero kumeneko. Ambulansi inamutengera ku boma, iye anapulumuka, mwana ayi, chiberekero anachotsa. Chomvetsa chisoni anesi ankafunsa kuti mwamwa chiyani onse nkumakana, anaulula ali kale pa tebulo la opaleshoni. Banja lija mpaka lero anthu sayankhulana bwino

Nachisale, 21:14
Pepani kwambiri. Koma pamenepo anachulutsa muyezo, odziwa amapereka pang'ono. Nanga kuchipatala sapereka mankhwala oyambitsa matenda?

Anesi Opuma, 21:24
Timapereka, funso lanu ndi labwino. Koma taonani kusiyana kwake. Tisanaike dilipi ija timayeza kaye kuti mwana wagona bwanji, mutu ungadutse m'chiuno, pachiberekero palibe chipsera cha opaleshoni yakale. Tikaika timawerenga madontho pa mphindi, dzanja lili pamimba kuwerenga kuuma, khutu lili pa mtima wa mwana. Zikachuluka timatseka dilipi ndipo posakhalitsa mphamvu yake imatsika. Nanga zomwe zalowa m'mimba ndi phala mutseka pati? Ndipo muzu wa chaka chino ndi wa chaka chatha mphamvu zake ndani anayeza?

Mwana amalandira mpweya kudzera mu nsengwa, ndipo chiberekero chikauma magazi opita ku nsengwa amachepa. Kampata kaja pakati pa ululu ndi ululu, kamene mayi amapumira nkupempha madzi, ndi kamene mwananso amapumira. Mukachotsa kampatako mwana amabanika. Khomo la chiberekero liyenera kutseguka mpaka masentimita 10 ndipo limafewa pang'onopang'ono, kulikankha lisanafewe ndi kung'amba. Pa mimba yoyamba kuchoka poyambira kufika pa 4 kapena 5 kumatha kutenga usiku wonse ngakhale kuposa, ndipo si vuto. Kuchoka pa 5 kufika 10 kawirikawiri sikupitirira maola 12.

Mwana wanga, apongozi musakangane nawo. Auzeni kuti anesi ananena kuti phala muzidya loti mwaona likuphikidwa, mlandu muukankhire kwa ife, tinazolowera kudedwa. Ndipo wina aliyense pano ngati wamwa kale, akafika kuchipatala anene, akakalipidwa inde koma adziwa chomuyang'anira.

Adimini, 21:27
Uthenga wa Anesi uwu ndaukhoma pamwamba pa gulu, obwera m'mbuyo awerenge

Mtsikana wa ku Zomba, 21:33
Pepani ndilowerere poti nkhani ndi yomweyi. Ine ndili masabata 36, wanga kuyambira dzulo madzulo sakusewera ngati kale, lero ndamumva mwina kawiri kokha pomwe nthawi ngati ino amakhala akuvina. Anzanga kuntchito akuti ndi mmene zimakhalira akayandikira, amagona kusunga mphamvu komanso malo achepa. Mutu ukundiwawanso kuyambira m'mawa panado sakuthandiza, mphete yakana kuvuka

Anesi Opuma, 21:35
Inu nyamukani PANOPA. Osati mawa, osati mukamaliza kudya. Muli ndi ndani pakhomo?

Mtsikana wa ku Zomba, 21:36
Amuna anga alipo, akuonera mpira

Make Mapasa, 21:36
Azimitse TV imeneyo

Anesi Opuma, 21:41
Tengani kabuku ka kusikelo muzipita kuchipatala chachikulu, mukangofika nenani zinthu zitatu zomwe mwatiuzazi, mwana wachepetsa kusewera, mutu sukusiya, zala zatupa. Bodza limeneli loti mwana amasiya kusewera matenda akayandikira landilirisa kambiri pantchito. Kaseweredwe kamasintha inde, m'malo mwa mateche akulu mumamva kudzithinula ndi kugubuduka, koma sachepetsa, amasewera mpaka mu leba momwe. Akachepetsa ndiye kuti akudandaula. Ndipo mutu wosamva mankhwala, kutupa nkhope ndi manja, kuona timanyenyezi, kuwawa pansi pa nthiti chakumanja, zimenezo ndi za BP ya mimba, ikafika 140/90 kupita m'mwamba timayamba kuda nkhawa chifukwa mapeto ake munthu amagwa ngati wakhunyu. Kutupa mapazi okha madzulo ngati kwa mnzanuyu ndi kwa ambiri, kwanuko ndi kwina.

Mtsikana wa ku Zomba, 21:44
Tikunyamuka amayi, akukasaka galimoto kwa aneba

Wachisamba, 21:52
Mulungu akutsogolereni sisi. Ine zanga 21:09, 21:20, 21:37, 21:48, sizikulongosoka. Koma ndapita kukataya madzi ndapeza pa kabudula zinthu zotamuka ngati mamina zili ndi timizere ta magazi, zochuluka ngati supuni ya tiyi. Ndipo kumapiri kukung'anima

NaPhiri wa ku 25, 21:54
Chizindikiro chimenecho sisi. Ine chinatuluka Lachisanu ndinachira Lolemba

Mayi wa Anayi, 21:55
Ine chinatuluka nkuchira tsiku lomwelo. Kung'animako ndi kumene ine ndamva, imbirani wakabaza

Anesi Opuma, 22:01
Zotamukazo ndi zimene zimatseka khomo la chiberekero miyezi yonseyi, zikatuluka ndiye kuti khomo layamba kufewa. Akhoza kukhala mawa, akhoza kukhala masiku angapo. Timizere ta magazi si vuto. Magazi ofiira oyenderera ngati kusamba, kapena a zibuma, amenewo ndi ngozi, sitidikira nawo ngakhale mphindi. Nsupa ikasweka chimodzimodzi, kaya ululu ulipo kaya palibe muzipita, chifukwa chotchinga mwana ku tizilombo chachoka. Muyang'ane mtundu wa madziwo, oyera ngati madzi a mpunga wotsuka ali bwino, obiriwira kapena akuda ndiye kuti mwana wachita chimbudzi m'mimba, mukanene msanga. Ndipo zikachitika kuti madzi atatuluka mwamva chinthu ngati chingwe kumusi, ndi mchombo watsogola, gwadani chifuwa pansi matako m'mwamba, akunyamuleni choncho.

Kwa inu malangizo anga ndi awa, wolokani usiku uno mtsinje usanadzaze. Mukakhala kuti si matenda mukagona kuchidikiro, manyazi sapha.

Wachisamba, 22:06
Amuna anga avomera, apongozi akung'ung'udza koma akumanga ufa, akuti apita okha ngati gadiyani sangandisiyire munthu wina. Ndikumbutseni zonyamula mutu wanga wabalalika

Make Mapasa, 22:10
Kabuku ka kusikelo poyamba penipeni, ikani m'jumbo kasanyowe. Zitenje zosachepera 6 zochapa kale, zakale zofewa ndi zabwino kuposa zatsopano zolimba zija. Pepala lakuda lapulasitiki loyala pabedi, beseni, sopo, lezala latsopano losatsegula ndi ulusi poti zipatala zina zing'onozing'ono amafunsa, tochi chifukwa magetsi mukuwadziwa, mapadi kapena nsalu, matewera, chipewa ndi masokosi a mwana, shawelo. Neti musaiwale

Wa Siza Ziwiri, 22:13
Fulasiki, shuga, kapu, mpoto, nkhuni ngati zingakwane pa njinga. Ndalama ina ikhale m'foni ina m'manja pa mfundo ya chitenje, mukhoza kutumizidwa ku boma usiku nkumva kuti ambulansi yapita kwina. Amene mumamwa ma ARV botolo lanu lisatsale, ndi mwana yemwe amamuyambitsa mankhwala ake akangobadwa

Nachisale, 22:15
Mfundo pa chitenje mayi wapakati samanga. Ndalamazo asunge apongozi

Make Mapasa, 22:16
Kkkkkk amayi Nachisale pamenepo ndiye tagwirizana, asunge apongozi, koma botolo la Sobo litsale

Wa ku Leeds, 22:18
Ndabweza mawu anga aja sisi, za mtsinje sindinaziwerenge bwino. Yendani bwino, wakabaza ayendetse pang'onopang'ono

Wachisamba, 23:49
Tafika. Tawoloka madzi ali m'maondo a wakabaza, ine anachita kundigwira mbali ndi mbali ndikuyenda pansi, mvula yatipeza titatsala pang'ono. Anesi andiyeza akuti njira ili pa 1, mutu uli pansi, mtima wa mwana uli bwino. Akuti si matenda enieni koma ndisabwerere. Apongozi angoti "ndinanena ine" nkuyala mphasa

Lachitatu

Mtsikana wa ku Zomba, 06:20
Mwadzuka bwanji amayi. Anandigoneka. BP inali 158/104, mumkodzo anapezamo zomwe amayeza zija, andibaya jakisoni wowotcha thupi lonse matako onse awiri ndipo andipatsa mapiritsi otsitsa BP. Mtima wa mwana ukumveka. Adokotala akuti aona lero ngati andiyambitse matenda. Amuna anga sakuyankhula, angokhala pabenchi chigwirire kabuku kanga

Anesi Opuma, 06:34
Jakisoni wowotchayo ndi magnesium sulphate, woteteza kukomoka, mupirire naye. Zimene adokotala anene muvomere, nthenda imeneyi mankhwala ake enieni ndi mwana kubadwa. Mukatuluka BP muzikayezetsabe, imatha kukwera ngakhale mutachira.

Adimini, 06:40
Tikukupemphererani sisi. Anzanu akuntchito aja muwaonetse uthenga wa Anesi

Wachisamba, 13:15
Ine kuno zonse zasiya abale, ngakhale msana. Ndangokhala ngati mlendo wodzaona malo. Tilipo 11 m'chipinda, wina wa mimba yachisanu watha masabata atatu ndiye ndi nyakwawa yathu, amagawa malo ophikira. Anesi akutiyendetsa kuzungulira mpanda m'mawa ndi madzulo. Ndikufuna kwathu

NaPhiri wa ku 25, 13:22
Khalani pomwepo. Idyani, gonani tulo tambiri, tulo timeneti mudzatifuna

Mayi wa Anayi, 13:30
Ndipo nyakwawayo muisamale ndi kandiwo, ndi amene amadziwa kogona anesi usiku kkkk. Koma za serious mimba yachisanu, amapasa, amene anachitidwapo siza ndi amene mwana wagona mopingasa kapena watsogoza matako ine ndimamva kuti amayenera kukadikirira kumene kuli fiyeta, nanga iyeyo akutani kumeneko

Wachisamba, 13:41
Akuti anamuuza apite ku boma akukana, akuti kulibe womuphikira. Anesi abweranso kudzamunyengerera

Loweruka

Wachisamba, 10:08
Amayi ndachira!!! Wamkazi, 3.1 kg, lero 5:40 m'mawa. Matenda anayamba dzulo cha m'ma 3 masana ndipo apongozi ananena zoona, foni sindinaigwire, sindinkadziwa ndi komwe ili. Kusiyana kwake ndi zija za Lachiwiri ndi kwakukulu, izi zimachita kukugwira pakamwa mawu osatuluka, ndinasanza kawiri, nsupa inasweka 2 koloko usiku madzi oyera. Andisoka pang'ono. Apongozi anandisisita msana usiku wonse osakhala pansi, phala ndinadya la m'fulasiki yanga

Make Mapasa, 10:09
Alililililili!!! Takulandirani ku gulu la osagona

Nachisale, 10:12
Mwachita bwino mwana wanga, mwalimba. Apongoziwo muwagulire chitenje

Mtsikana wa ku Zomba, 10:15
Zabwino zonse sisi. Ine anandipanga siza Lachitatu madzulo, wamwamuna 2.3 kg, tili ku kangaroo ndamumangirira pachifuwa ngati ndalama

Wa Siza Ziwiri, 10:17
Ambuye alemekezeke nonse awiri. Wa ku Zomba muziyenda pang'onopang'ono ngakhale bala likuwawa, mukatsokomola gwirani pilo pamimba

Wachisamba, 10:26
Koma funso lina amayi Anesi, mwana anabadwa ndi zoyera ngati mafuta m'khosi ndi m'khwapa ndi kumsana, apongozi anaziyang'ana nkundiyang'ana ine nkupukusa mutu, akuti ndi umboni woti sitinasiyane pogona ndi amuna anga mpaka mwezi womaliza. Manyazi andigwira pamaso pa amayi ena

Make Mapasa, 10:27
Kkkkkkkk ndafa ine, mlandu wa bambo ake wapezeka pakhosi pa mwana

Anesi Opuma, 10:36
Mwayamba kundiseketsa m'mawa. Auzeni apongozi kuti za abambo sizifika kumene kuli mwana, iye amakhala m'nsupa yotsekeka. Zoyerazo ndi mafuta amene khungu lake limapanga lokha kuti lisafufume m'madzi miyezi yonse ija, obadwa msanga amakhala nazo zambiri, opitirira masiku amabadwa zitatha khungu likusupuka. Musazikwecheke, zimalowa zokha, ndipo kumusambitsa dikirani papite maola 24. Mkaka woyamba wachikasu uja musafinyire pansi, ayamwe womwewo. Pamchombo osaikapo phulusa kapena china chilichonse cha kunyumba. Inuyo muziyang'ana nsalu, ikamanyowa yonse lisanathe ola kapena mukamva chizungulire itanani anesi mokuwa. Bambo ake amuona?

Wachisamba, 10:44
Ayi, mtsinje wadzaza kuyambira Lachinayi palibe akuwoloka. Ali tsidya lija ndi nkhuku m'manja chiyambire 7 koloko, akungoimba kuti akufanana ndi ndani. Chaja yanganso ili m'thumba mwawo komweko, foni yatsala 4%